Fergus Suter, mmisiri wa miyala amene anadyera mpira

Masiku ano palibe amene amadabwa akamva kuti mnyamata wakutiwakuti amalandira malipiro cifukwa comenya mpira. Makolo ena afika pomalimbikitsa mwana kupita kubwalo monga momwe amamulimbikitsira kupita kusukulu kapena kumunda. Koma zaka pafupifupi 150 zapitazo ku England, kulandira ndalama cifukwa ca mpira kunali kuphwanya lamulo. Mmodzi mwa anthu oyamba kudyera mpira, nthawi imene kutero kunali koletsedwa, anali Fergus Suter wa ku Scotland. Lero tikuuzani mbiri yake.

Suter anabadwa pa 21 November 1857 mumzinda wa Glasgow. Atakula anaphunzira nchito yosema miyala yomangira nyumba, nchito yowawa imene imafuna msana wolimba. Nthawi yopuma ankasewera mpira m'timu ya Partick, ndipo malo ake anali kumbuyo, kuchinga kuti adani asafike pagoli.

Dera la Partick lili ndi mbiri pa nkhani za mpira. Kumeneko, pabwalo la Hamilton Crescent, ndi kumene Scotland ndi England anakumana pa 30 November 1872 m'masewera oyamba ovomerezeka a pakati pa maiko awiri, ndipo palibe amene anagoletsa. Pa nthawiyo Angelezi ambiri ankasewera motere: munthu akapeza mpira ankathamanga nawo yekha mpaka atalandidwa, anzake akumutsatira pambuyo. A ku Scotland, motsogozedwa ndi timu ya Queen's Park, anazolowera kupatsirana mpira, aliyense ataima pamalo pake. Suter anakulira m'kaseweredwe kameneka, ndipo ndi luso limene matimu a ku England anayamba kulisirira.

Kumayambiriro kwa caka ca 1878 timu ya Partick inapita kukasewera ku Lancashire, kumpoto kwa England, ndipo inakumana ndi timu ya Darwen. Darwen inali tauni ya mafakitale oomba nsalu za thonje. Cakumapeto kwa caka comweco Suter anasamukira ku Darwen, kutsatira mnzake wa ku Partick, Jimmy Love. Atafika anagwira nchito ya miyala kwa kanthawi kocepa, kenaka anaisiya, ponena kuti miyala ya ku Lancashire inali yolimba kwambiri. Anthu anaona kuti munthuyo sagwiranso nchito, koma akudya, akuvala, ndipo ali ndi pogona. Sipanafunike wanzeru kuti adziwe kumene ndalama zinali kucokera.

Kuti timvetse cifukwa cake nkhaniyi inali yobisa, tiyenera kudziwa amene anali eni mpira pa nthawiyo. Bungwe la Football Association linakhazikitsidwa ku London mu 1863, ndipo atsogoleri ake ambiri anali anthu ophunzira kusukulu za ana a olemera. Iwo ankakhulupirira kuti mpira ndi masewera aulemu, ndipo ndalama zikalowamo ulemuwo udzatha. Maganizowa anali osavuta kwa munthu amene ali ndi cuma ca makolo. Koma woomba nsalu akajomba kunchito kuti akasewere, tsikulo ankadulidwa malipiro, ndipo akathyoka mwendo banja lake linkagona ndi njala. Conco lamulo loletsa malipiro, ngakhale linkamveka labwino, linkatsekera kunja anthu osauka.

Kusiyana kumeneku kunaoneka poyera mu 1879. Timu ya Darwen inafika m'ndime ya matimu 6 otsala pampikisano wa FA Cup, ndipo inayenera kupita ku London, ulendo wa makilomita oposa 300, kukakumana ndi Old Etonians, timu ya anthu amene anaphunzira pasukulu yochuka ya Eton. Masewera oyamba anacitika mu February pabwalo la Kennington Oval. M'cigawo caciwiri Darwen inali kumbuyo ndi zigoli 5 kwa 1, ndipo ambiri anaganiza kuti zatha. Koma anyamata a m'mafakitale anabweza zigoli zonse mpaka masewera anatha 5 kwa 5. Old Etonians inakana kuonjezera nthawi, motero Darwen inayenera kubwereranso ku London. Anthu a m'tauni anasonkha ndalama za sitima. Ulendo waciwiri anafanananso mphamvu, 2 kwa 2. Ulendo wacitatu, mu March, Darwen inagonja 6 kwa 2. Inagonjadi, koma dziko linaona kuti anthu ogwira nchito ndi manja angathe kulimbana ndi mabwana pabwalo.

Jimmy Love sanakhalitse m'mpira. Analowa usilikali, ndipo anamwalira ndi matenda ku Egypt mu 1882.

Mu 1880 Suter anacoka ku Darwen ndi kulowa timu ya Blackburn Rovers, ya m'tauni yoyandikana nayo, pamtunda wosakwana makilomita 10. Anthu a ku Darwen anakwiya kwambiri, ponena kuti a Blackburn amukopa ndi ndalama zambiri. Koma paja walira mvula walira matope. Darwen ndiyo inayamba kusamalira wosewera wocokera kutali, ndipo inaiwala kuti kutsogolo kudzabwera wina wa thumba lalikulu. Matimu awiriwa atakumana mu November 1880 pabwalo la Alexandra Meadows ku Blackburn, panasonkhana cikhamu ca anthu. Masewera ali mkati Suter anagwirana ndi Thomas Marshall wa Darwen, oonerera anathamangira m'bwalo, ndipo masewera anathera pomwepo.

Ku Blackburn Rovers ndi kumene dzina la Suter linakula. Mu 1882 timuyi inafika m'masewera omaliza a FA Cup, koma inagonja 1 kwa 0 kwa Old Etonians yomwe ija. Kameneka kanali komaliza kuti timu ya ana a olemera itenge cikhoci. Caka cotsatira timu ina ya m'tauni yomweyo, Blackburn Olympic, inagonjetsa Old Etonians ndi kubweretsa cikho kumpoto koyamba. Kenaka inafika nthawi ya Rovers. Mu 1884 inagonjetsa Queen's Park 2 kwa 1, mu 1885 inaigonjetsanso 2 kwa 0, ndipo mu 1886 inagonjetsa West Bromwich Albion 2 kwa 0 pa masewera obwereza ku Derby, oyamba atatha opanda cigoli. Suter anasewera m'masewera omaliza onsewa. Kucokera mu 1886 palibenso timu imene yatenga FA Cup zaka zitatu zotsatizana. Onaninso kuti kawiri konse Suter anagonjetsa timu ya kwawo ku Glasgow, imene inali mwini wa kaseweredwe kopatsirana kamene iye anapita nako ku England.

M'zaka zimenezi anyamata ambiri a ku Scotland anatsatira njira yomweyo. Matimu a ku Lancashire ankawapezera nchito za dzina cabe m'mafakitale kapena kuwapatsa ndalama mwamseri. Cinsinsi cinaululika mu 1884 pamene Preston North End inacotsedwa mu FA Cup, mtsogoleri wake William Sudell atavomera kuti osewera ake amalipidwa. Matimu a kumpoto anaopseza kuti apanga bungwe lawolawo. Poopa kugawanika, Football Association inavomereza malipiro mu July 1885, ngakhale inaika lamulo lakuti wolipidwa akhale wobadwira pafupi ndi timu yake kapena wokhalako zaka ziwiri. Scotland inacedwa, inavomereza mu 1893.

Timu yolipira osewera imafuna ndalama za pakhomo mlungu uliwonse. Ici ndico cinabala ligi. Mu 1888 William McGregor, nayenso wa ku Scotland amene anali m'gulu la atsogoleri a Aston Villa, anayambitsa Football League ndi matimu 12, ndipo Blackburn Rovers inali imodzi mwa iwo. Koma apa n'kuti Suter atapitirira zaka 30 ndipo mphamvu zikutha. M'ligi imeneyi anasewera kamodzi kokha, ndipo tsikulo anaima pagoli m'malo mwa golokipa Herbie Arthur. Anasiya mpira mu 1889.

Ngakhale anali ndi mendulo zitatu za FA Cup, Suter sanasewerepo m'timu ya dziko lake. Akuluakulu a mpira ku Scotland sankasankha osewera amene anapita ku England, ndipo anasintha maganizo mu 1896, iye atapuma kale. Umenewo ndiwo mtengo umene analipira posankha malipiro.

Atasiya mpira anacita malonda a hotela, ndipo anayendetsapo Millstone Hotel ku Darwen, tauni yomwe ija imene anthu ake anamukwiyira. Anamwalira ku Blackpool pa 31 July 1916 ali ndi zaka 58. Dzina lake linaiwalika kwa ambiri mpaka mu 2020 pamene Netflix inaonetsa sewero la The English Game, ngakhale sewerolo linasintha zinthu zingapo za m'mbiri yeniyeni.

Ena amamukumbukira monga munthu amene analowetsa ndalama m'masewera, nathawa timu imene inamulandira. Ena amati anatsegulira khomo ana a osauka. Zonse ziwiri zili ndi coonadi cake. Ife tikaona mbiri yake tikuti luso la munthu ndi thukuta lake, ndipo sikunali cilungamo kuti anthu zikwizikwi azilipira pakhomo koma wowasangalatsayo azibwerera kunyumba cimanjamanja. Mnyamata aliyense amene lero amadyetsa banja lake ndi mpira akuyenda m'njira imene Suter ndi anzake anailambula mobisa kuyambira mu 1878.