Louis-Marie Grignion de Montfort Woyera (1673-1716)

Louis-Marie Grignion anabadwa pa 31 Januwale 1673 m'tauni ya Montfort, m'chigawo cha Brittany ku France. Ataphunzira kwa ansembe a Chipani cha Yesu ku Rennes, anapita ku seminale ya Saint-Sulpice ku Paris, nadzozedwa unsembe mu 1700.

Ntchito yake anaiyambira pakati pa amphaŵi, makamaka m'chipatala cha ku Poitiers. Kumeneko anakomana ndi Marie-Louise Trichet, amene anayamba naye chipani cha Asisitere a Nzeru mu 1703. Koma ulaliki wake wosapsatira mawu unamdanitsa ndi akuluakulu ena, kotero kuti analetsedwa kulalika m'madayosizi angapo. Mu 1706 anayenda pansi mpaka ku Roma, akufunitsitsa kutumidwa kumaiko akutali. Papa Clement XI anamubweza kwao kuti akalalike komweko, momvera maepiskopi.

Kumvera kumeneku kunayesedwa ku Pontchâteau. Akhristu ochuluka anasenza dothi kwa miyezi yambiri, namanga chitunda chachikulu cha mitanda chokumbutsa Kalvare. Mu 1710, litatsala tsiku limodzi kuti achidalitse, episkopi analetsa mwambowo, ndipo mfumu inalamula kuti chigumulidwe. Montfort anagonja osaŵiringula, nakabindikira m'mapemphero.

Pa zolemba zake pali nyimbo zambiri, zimene ankaziika pa maimbidwe odziŵika kale kuti ngakhale osaŵerenga aphunzire chikhulupiriro. Analembanso buku la chikondi cha Nzeru Yamuyaya, amene ndi Khristu, ndiponso kalata kwa abwenzi a Mtanda. Buku lake lotchuka koposa ndi la kudzipereka koona kwa Maria Virigo Woyera. M'menemo amaphunzitsa kuti kudzipereka kwathunthu kwa Yesu kudzera mwa Maria ndiko kubwereza malonjezo a ubatizo, tsopano mwa kufuna kwa munthu mwini, osati mwa pakamwa pa omuimira. Bukuli linakhala lobisika mpaka 1842, nasindikizidwa mu 1843.

Anamwalira pa 28 Epulo 1716 ku Saint-Laurent-sur-Sèvre ali ndi zaka 43, nasiya ansembe aŵiri okha ndi abale oŵerengeka. Kagulu kameneka ndiko kanakula kukhala chipani cha Amontfort, chimene amishoni ake atatu anafika ku Nzama, m'boma la Ntcheu, mu 1901. Papa Pius XII anamulemba m'gulu la oyera mu 1947.