YEREMIYA WA KU ANATOTI, MNENERI AMENE ANALETSEDWA KULOWA M'NYUMBA YA MALIRO

Pakati pa aneneri onse a m'Cipangano Cakale palibe wina amene moyo wace tiudziwa bwino koposa wa Yeremiya. Ambiri a ife tinamphunzira monga mneneri wolira. Koma ciripo cinthu cimodzi cimene ticipitirira kawiri kawiri pophunzitsa mbiri yace: munthu ameneyu, amene analirira mtundu wace zaka 40, Mulungu anamletsa kukhuza maliro a anansi ace. Ife okhala m'midzi tidziwa kulemera kwace kwa lamulo lotere, pakuti kwathu maliro nkulirana, ndipo munthu wosaoneka pa siwa anthu amuyesa wouma mtima, kapenanso mfiti. Tiyeni tsono titsate moyo wace, tione cimene Mulungu anafuna kuphunzitsa anthu ace pa za kulira.

Yeremiya anali mwana wa Hilikiya, wa banja la ansembe a ku Anatoti, mudzi waung'ono wa m'dziko la Benjamini, mtunda wa mamailosi atatu kumpoto cakum'mawa kwa Yerusalemu. Mulungu anamuitana m'caka ca 13 ca ufumu wa Yosiya, ndico caka ca 627 B.C. Iye anadziwiringula kuti akali mwana ndipo sadziwa kulankhula, koma sanamasulidwe. Uthenga umene anapatsidwa unali wakuti coipa cidzafika kucokera kumpoto, ndipo Yuda adzapasuka ngati satembenuka mtima.

Maliro a Ahebri ndi a anansi ao

Kuti timvetse moyo wa Yeremiya tiyenera kudziwa m'mene anthu a masiku ace anali kulirira akufa. Mhebri pakumva za imfa anang'amba zobvala zace, nabvala ciguduli, nathira pfumbi kapena phulusa pamutu, nabvula nsapato, nakhala pansi. Masiku a maliro anali 7, koma Mose ndi Aroni anawalira masiku 30. Anansi anabwera ndi mkate ndi cikho cotonthoza ofedwa, monga ife titumiza ufa ndi nkhuni ku siwa. Analiponso akazi odziwa kulira, amene anaitanidwa kudzatsogolera nyimbo ya maliro. Nyimboyo m'Cihebri ichedwa qinah, ndipo kawiri kawiri mzera wace uli ndi mbali yaitali yotsatidwa ndi yaifupi, monga mau a munthu amene atsamwa ndi misozi asanathe kunena.

Zambiri za izi Ahebri anafanana nazo ndi mitundu yowazinga. M'caka ca 1928 mlimi wina wa ku Syria anagunda manda akale ndi khasu la ng'ombe, ndipo pokumba ku Ras Shamra kuyambira 1929 anapeza mzinda wa Ugarit ndi mapale adothi olembedwa. M'nthano za pa mapalewo mulungu wao El, pakumva kuti Baala wafa, atsika pa mpando wace, akhala pansi, athira pfumbi pamutu, nadzitema thupi. Kudzitemako Cilamulo ca Mose cinaletsa, ngakhale Ayuda ambiri anacitabe. Ku Aigupto zithunzi za m'manda zionetsa akazi a maliro atakweza manja ndi kudzithira dothi. Ku Mesopotamia, mzinda wa Uri, kwao kwa Abrahamu, utapasulidwa ndi Aelamu cifupi ndi 2000 B.C., kunapekedwa nyimbo yaitali imene mulungu wamkazi Ningal alira mzinda wace. Ndipo anyamata a m'masukulu a alembi anailemba pa mapale monga phunziro lao. Kunalinso ansembe a maliro amene anayimba kuti aziziritse mtima wa milungu yokwiya. Caka ndi caka, m'nyengo ya dzuwa pamene msipu uuma, akazi analira Tamuzi, mulungu amene amati anatsikira kwa akufa. Mwambo umenewu unafika ndi ku Yerusalemu komwe, pakuti Ezekieli m'masomphenya a 592 B.C. anaona akazi alikulira Tamuzi pa cipata ca kumpoto ca Kacisi.

Kotero kulira sikunasowe m'dziko la Yuda. Cimene cinasowa ndico kudziwa coyenera kulirira, ndi Iye woyenera kumlirira.

Imfa ya Yosiya ndi lamulo lowawa

M'caka ca 609 B.C. Yosiya, mfumu yolungama, anaturuka kukatsekereza Farao Neko, naphedwa pa nkhondo ya ku Megido ali ndi zaka 39. Buku laciwiri la Mbiri litiuza kuti Yeremiya anamyimbira nyimbo ya maliro, ndi kuti oyimba amuna ndi akazi anasunga mwambo wochula Yosiya m'nyimbo zao. Koma patapita miyezi itatu Neko anacotsa Yehoahazi mwana wa Yosiya pa ufumu, namuka naye ku Aigupto. Pomwepo Yeremiya anauza anthu kuti aleke kulira wakufayo, alire makamaka wotengedwayo, amene sadzaonanso dziko lobadwira. Apa tiona ciyambi ca nchito yace: kucotsa misozi ya anthu pa zimene zapita, ndi kuilozetsa ku tsoka limene analikudziitanira okha.

M'mutu 16 wa buku lace tiwerenga za katundu wolemera koposa amene anasenza. Analamulidwa kuti asakwatire, asakhale ndi ana, asalowe m'nyumba ya maliro, ndiponso asakhale pa madyerero. Moyo wace womwe unasanduka cizindikiro ca masiku alinkudza, pamene akuru ndi ang'ono adzafa osaikidwa, popanda wowalira kapena wonyemera ofedwa mkate. Taganizani mwana wa wansembe m'mudzi waung'ono, nkhawa yamveka kwa mnansi, mudzi wonse wasonkhana, iye yekha apitirira pakhomo. Sitizizwa pakumva kuti anthu a ku Anatoti anapangana zomupha, ndi kuti abale ace omwe anamcitira ciwembu.

Koma munthu yemweyo analamula kuti aitane akazi odziwa kulira afulumire, ngakhale mtembo sunaoneke, pakuti iye anaona kale imfa irikulowa m'nyumba ndi kutha ana m'makwalala. Anauzanso akaziwo kuti aphunzitse ana ao akazi nyimbo za maliro, ndi yense aphunzitse mnzace, cifukwa akufa adzacuruka koposa odziwa kuwalira. Ndipo misozi imene sanaloledwe kukhetsa pa siwa anaikhetsa pamaso pa Mulungu. Pasuri wansembe atampanda ndi kumgoneka m'matangadza, Yeremiya anadandaula kuti Mulungu anamkopa namlaka, natemberera tsiku la kubadwa kwace. Mau otere sanafafanizidwe m'Buku Lopatulika. Iye sanalire kuti adzutse mulungu wakufa monga akazi a Tamuzi. Analirira Mulungu wamoyo, amene akhoza kumva ngakhale mau owawa a mtumiki wace.

Mfumu imene sinang'ambe zobvala

M'caka ca 605 B.C. Nebukadinezara anagonjetsa Aaigupto ku Karikemisi, ndipo mdani wa kumpoto anadziwika kuti ndiye Babulo. Yeremiya anaitana Baruki mlembi, namlembetsa mau ace onse mu mpukutu. Caka cotsatira, m'nyengo yozizira, mpukutuwo unawerengedwa pamaso pa mfumu Yehoyakimu alikuotha moto wa m'mbaula. Mfumu inaudula ndi mpeni pang'ono pang'ono niuponya pamoto kufikira unatha, ndipo wolemba mbiri anasamala kunena kuti mfumu ndi anyamata ace sanaope, sanang'ambenso zobvala zao. Atate wace Yosiya, pakumva buku la cilamulo lopezeka m'Kacisi m'caka ca 622 B.C., anang'amba zobvala nalira. Kusiyana kwa mafumu awiriwa kuli pamenepo. Yeremiya ananena za Yehoyakimu, wokakamiza anthu kumanga nyumba yace popanda malipiro, kuti sadzakhala ndi womlira, ndipo adzatayidwa kunja kwa zipata monga buru wakufa. Kwa Mhebri panalibe cilango coposa ici.

Mu March 597 B.C. Yerusalemu anagonja koyamba. Tsiku lace linalembedwa pa phale la Ababulo losungidwa ku British Museum, limene mau ace anasindikizidwa mu 1956. Mfumu Yehoyakini ndi akuru ndi amisiri anatengedwa ukapolo, ndipo Zedekiya anaikidwa pa mpando. Yeremiya anayenda ndi goli pakhosi kucenjeza kuti asapandukire Babulo, koma sanamvere. Ababulo atabweranso ndi kuzinga mzinda, akalonga anamuyesa wopereka dziko, namtsitsira m'citsime copanda madzi, namira m'thope. Amene anamcitira cifundo ndiye Ebedi-Meleki Mkusi, wa ku Africa, amene anamturutsa ndi zingwe atamponyera nsanza zoika m'khwapa. M'masiku omwewo, ali m'ndende, Yeremiya anagula munda wa ku Anatoti kwa Hanameli mwana wa mbale wa atate wace ndi masekeli 17 a siliva, nasungitsa makalata ace m'mbiya, kusonyeza kuti minda idzagulidwanso m'dzikomo.

Mzinda unagwa m'caka ca 587 B.C., kapena 586 monga awerengera ena. Kacisi anatenthedwa, ana a Zedekiya anaphedwa iye alikupenya, ndipo pambuyo pace anamkolowola maso. Andende anasonkhanitsidwa ku Rama, Yeremiya ali pakati pao womangidwa maunyolo. Ndi ku Rama komweko kumene buku lace lionetsa Rakele, mai wa pfuko la Benjamini, alikulira ana ace ndi kukana kutonthozedwa; ndipo Mulungu samdzudzula, koma amlonjeza kuti anawo adzabwera. Citonthozo cinadza pambuyo pa kulira, sicinadze m'malo mwace.

Atamasulidwa anakana ulemu wa ku Babulo, nasankha kutsala ndi amphawi kwa Gedaliya kazembe ku Mizipa. Koma Ismayeli anapha Gedaliya, naphanso ambiri a amuna 80 amene analikupita ku mabwinja a Kacisi atameta ndebvu ndi kung'amba zobvala. Otsala anaopa Ababulo nathawira ku Aigupto, natenga Yeremiya ndi Baruki mowakakamiza kufikira ku Tapanesi. Mbiri yace ithera komweko, nkhalamba irikucenjezabe anthu osamva. Mwambo wa pambuyo pace unena kuti anthu a mtundu wace anamponya miyala. Malembo asimba za maliro a Yakobo, a Mose, a Samueli ndi a Yosiya. A Yeremiya sanalembedwe.

Buku la Maliro ndi nchito yathu

Nyimbo zisanu za m'buku la Maliro ziribe dzina la mwini m'Cihebri. Omasulira m'Cigriki ndiwo anaziika pambuyo pa Yeremiya ndi kumchula iye, ndipo ophunzira ambiri lero aziyesa za anthu otsala m'Yuda mzinda utagwa. Zinai zoyamba zitsata zilembo 22 za Cihebri kuyambira coyamba kufikira cotsiriza, njira yothandiza kuloweza, ndi yopatsa cisoni malire. Monga nyimbo ya Uri, zionetsa mzinda ngati mkazi wolira. Koma pano anthu abvomera chimo lao, ndipo pakati peni peni pa bukulo akumbukira cifundo ca Mulungu. Ayuda aliwerengabe caka ndi caka pa tsiku la 9 la mwezi wa Abu. Cimene Yeremiya anapempha akazi aja cinacitika: kulira kunaphunzitsidwa.

Aphunzitsi anzathu, palibe caka cimene cipita popanda mwana wina kubwera ku sukulu atameta mpala wa maliro. Tisafulumire kumuuza kuti Mkristu salira. Timuuze za Yeremiya, amene anatula cisoni cace conse kwa Mulungu osakanidwa. Ndipo pakumveka nkhawa m'mudzi, tipite tikakhale pansi pamodzi ndi ofedwa, pokumbukira kuti cimene ife tiyesa mwambo cabe, mneneri uyu anacilakalaka moyo wace wonse.